Zaka za Ayisha pa Bwalo la Nthawi

Bwalo la Nthawi,
Pakati pa Maiko

Okondedwa achimwene a Zubairu,

Salamu aleikumu. Ndikufuna kumva za moyo wanu ku Ntajako, pamodzi ndi alamu ndi ana. Ndikufunsanso za mwendo wa amayi umene unkatupa pamene ndinkachoka, ngakhale tsopano ndadziwa kuti funsoli lachedwa. Ine kuno ndili bwino. Makalata wamba satuluka kuno. Iyi ailola chifukwa ikukhudza mlandu.

Ntchito ndi yomwe ija munkandiseka nayo, yomasulira Chiyao ndi Chichewa pa bwalo loweruza milandu ya mphamvu ya nthawi pakati pa maiko. Oweruza alipo atatu. Wamkuluyo amayamba chiganizo m'mawa n'kuchimaliza masana, moti ndimatha kukamwa tiyi n'kumupeza asanapume. Chondivuta ndi swala, mapemphero athu aja, basi. Madzuwa kuno ndi awiri, lina likamalowa lina likutuluka, ndiye Magharibi, swala ya polowa dzuwa, ndimangoswali mongoganizira.

Mlandu wa sabata ino ndi wa kwathu. Anthu a dziko lotchedwa Sendeya alibe nkhuni kapena magetsi, amayatsa mizinda yawo ndi nthawi. Yawo itachepa, anakakwirira mapaipi osaoneka opopa nthawi m'malo amene anthu athu amadikirira: pa siteshoni ya Balaka, ku Nayuchi, ngakhale pa mizere ya feteleza. Loya wawo akuti iwo sanabe kanthu, poti nthawi ya munthu wodikira ili ngati madeya, ilibe mwini wake. Ndinamasulira bwinobwino kwa akuluakulu akwathu amene abwera kudzadandaula, koma pakamwa pankandiyabwa kumuuza kuti kwathu madeya ali ndi eni ake.

Lachiwiri anawerenga malo onse amene anapezamo mapaipi. Paipi yopopa kwambiri kuposa mapaipi onse anaipeza ku Ngokwe, pakhonde la nyumba yofolera malata mbali imodzi, pafupi ndi munda wa thonje. Akuti yokhayo yayatsa mzinda wathunthu kwa zaka zisanu ndi ziwiri. Nyumbayo mukuidziwa, munandithandiza kuumba njerwa zake. Wodikira pakhondepo ndi mkazi wanga Ayisha, ndipo dzina lake ndinalitchula ndekha pabwalo, m'zilankhulo zonse ziwiri.

Achimwene, ine kuno ndakhala miyezi khumi yokha. Pondilemba ntchito anandiuza kuti masiku a kuno ndi a kumudzi sayenda mofanana, koma ndinkayesa amasiyana sabata imodzi kapena ziwiri. Sindinafunsitse, maso anali pa ulendo. Miyezi iwiri yatsala pa kontrakiti yangayi, kwanuko ndi chaka china ndi theka.

Bwalo lagamula kuti mwini kudikirako abwere adzanene yekha, ndipo lamulo lake ndi lachidule. Ayisha akanena kuti anadikira pachabe, a Sendeya amubwezera zaka zake zonse, akhalenso mtsikana monga ndinamusiyira. Koma zaka zobwezedwa zimabwera zopanda munthu amene ankadikiridwayo. Sadzandikumbukira, ndipo ukwati udzathera pomwepo. Akanena kuti anadikira mwa kufuna kwake, a Sendeya angochotsa paipi yawo, zakazo zapita, iye apitirize kudikira.

Oweruza anafuna kutumiza mthenga akamutenge tsiku lomwelo. Ndinapempha kulankhula, ndinawauza kuti kwathu mkazi wa mwini saitanidwa ku mlandu ankhoswe asakudziwa. Anafunsa kuti nkhoswe n'chiyani. Ndinafotokoza mpaka dzuwa limodzi kulowa. Pomaliza wamkulu uja anati mwambowu ndi wanzeru kuposa malamulo ena a bwalo lake, ndipo anavomera.

Ndiye pempho langa ndi ili, poti nkhoswe wanga ndinu. Mukwere kabaza mupite ku Ngokwe, mukaonane ndi a Yunusu, amalume ake a Ayisha, amene anaimira mbali yakuchikazi. Mukamufotokozere nonse awiri njira ziwirizi monga ndalemberamu, osaonjezera. Ndikukudziwani pakamwa panu, mumatha kugulitsa njinga yopanda tcheni. Musakandikometse. Musakamuuze kuti ndawonda kapena kuti sindikudya, chifukwa ndikudya. Mthenga wa bwalo adzakudikirani pa siteshoni ya Nayuchi Lachisanu mukatuluka ku mzikiti pa swala ya Juma, ndipo inu ndi a Yunusu mudzabwere limodzi ndi Ayisha.

Womasulira Chiyao kuno ndili ndekha, choncho yankho lake lidzadutsa pakamwa panga. Ndinalumbira kuti sindidzasintha liwu la mboni, ndipo sindidzasintha. Kuopa ndikuopa, sindikubisirani. Koma zakazo ndi zake, si zanga, ndipo ine m'malo mwake sindikudziwa kuti ndikanasankha chiyani.

Mundiperekere moni kwa amayi ngati Mulungu wawasunga. Moni kwa alamu anga, kwa achemwali a Nafisa ndi amuna awo, kwa ana anu amene mwina pano ali ndi ana awo, ndiponso kwa apongozi anga ku Ngokwe. Kwa Ayisha musapereke moni wanga. Lamulo silola womasulira kulankhula ndi mboni mlandu usanathe.

Ndine mng'ono wanu,
Usumani