Chigawo Chimene Modester Sakuchikumbukira

Mudzi wa Thole,
Embangweni,
Mzimba.
15 Okutobala, 2024

Okondedwa Alamu anga a Felesta,

Ndikhulupirira kuti kalatayi ikupezani muli ndi moyo wangwiro kumeneko ku Joni, ndi kuti ntchito yanu yosamalira odwala ikuyenda bwino. Ife kuno tilipo, ngakhale dzuwa latentha msipu wonse ndipo ng'ombe zikuoneka nthiti. Ndasankha cholembera m'malo mwa foni chifukwa pa foni munthu amalankhula asanaganize. Kalatayi ndapatsira a Louis, amene anyamuka mawa kubwerera kumeneko.

Mwana wathu Modester waitanidwa ku kampu ya timu ya dziko ku Blantyre. Mukanayenera kumva nkhaniyi ndi nthungululu, koma banja linagawanika pa funso limodzi, lakuti apite kapena asapite. Ndinu mayi wake, choncho ndikufotokozerani zonse mwa dongosolo lake.

Inu munachoka kuno iye ali wamng'ono, mng'ono wanga Aaron atangoikidwa m'manda, ndipo za mpira wake mwakhala mukuzimva zidutswazidutswa. Anayamba ndi mpira wachikulunga kuseri kwa sukulu, wopanda nsapato, pakati pa anyamata amene ankamuika kumbuyo poganiza kuti kumeneko ndi kwa osadziwa. Ine ndinamuletsa kufikira atalemba mayeso a Folomu 4, ndipo mpaka lero ndimaona kuti ndinachita bwino. Atakhoza ndinamumasula. Ku timu ya Perekezi Queens anamuveka lamba wa ukaputeni asanakwanitse zaka makumi awiri, atsikana omuposa msinkhu ali pomwepo, ndipo palibe anadandaula. Sathamanga kwambiri, koma amadziwa kumene mpira ukupita woumenyayo asanadziwe. Ochemerera amamutcha Chitseko. A timu ya dziko anamudumpha kale kawiri, kachiwiriko ali ndi bondo lotupa, ndipo pa msinkhu umene wafikawu tonse tikudziwa kuti akakana lero sadzamuitananso.

Loweruka loyamba la mwezi uno a Queens anakumana ndi timu ya ku Chikangawa pa bwalo la pa boma. Kunamveka kuti munthu wa timu ya dziko adzaonerera, ndipo nanenso ndinapita. Ng'oma za ochemerera zinali zitang'ambika pa lole, ulendo wochokera ku Luwawa. M'malo mokonza zawozo, a komiti anakabwereka zina kwa nchimi, kutanthauza sing'anga wovinitsa vimbuza, ndipo nchimiyo inakana kuzipereka popanda woziimba wake. Ameneyu ndi Enos, bambo wapakamwa, wodzitama kuti anavinitsapo ngakhale wapolisi ali mu yunifolomu.

Inu a ku Dedza mwina simudziwa kuti kuno ng'oma za vimbuza sizitengedwa ngati zina. Amati mzimu uliwonse uli ndi kaimbidwe kake, ndipo woimba amayesa aka ndi aka kufikira wodwala atagwedezeka. Ndikunena zimene iwo amakhulupirira. Ine ndine mkulu wa mpingo, ndipo ndinaphunzitsa Chilatini ndi mbiri yakale moyo wanga wonse, mpaka kukhala hedimasitala.

Chigawo choyamba Enos ankangotsatira nyimbo za ochemerera, ndipo a Queens anagoletsa chigoli chimodzi. Wogoletsa wa a Chikangawa, mtsikana wamtali wamwano, ankati akadutsa pafupi ndi Modester amafuula kuti, “Agogo, bondo lili bwanji? Tikubwerekeni ndodo?” Anthu ankaseka, iyenso ankaseka.

Chigawo chachiwiri a Chikangawa anatipanikiza kwambiri. Ochemerera anasiya kuimba ndi mantha, ndipo Enos, atatsala yekha wopanda nyimbo yotsatira, manja ake anabwerera ku zimene anazolowera. Ndinazindikira kuti kaimbidwe kasintha poona amayi amene anali pafupi nane atasiya kulankhula. Mmodzi wogulitsa nthochi anaphimba mutu wa khanda lake ndi chitenje n'kutuluka m'bwalo, dengu lake kulisiya pomwepo.

Modester anaima chilili, mpira uli m'kati moseweredwa, mutu atapendeketsa ngati munthu amene akuitanidwa kuchokera kutsidya la dambo. Kenaka analankhula, ndipo mawuwo anamveka bwalo lonse. Anali mawu okhuthala, a munthu wamkulu, ndipo chilankhulo chake chinali Chingoni. “Buyani! Valani!” Ndiko kunena kuti bwererani, tsekani. Ena ndinawamva chifukwa cha nyimbo za Chingoni zimene timaimba m'tchalitchi kuno, koma ena anali akale kwambiri moti sindinawamve. Atsikana anzake sadziwa liwu ndi limodzi lomwe la chilankhulo chimenechi, komabe ankamvera, kupita uku ndi uku onse pamodzi ngati omangidwa chingwe chimodzi. Sanagwe, sananjenjemere. Sanatuluke ngakhale thukuta, pa dzuwa la Okutobala. Mtsikana wamwano uja anasiya mwano, nayamba kupatsira anzake mpira akadali kutali, kuopa kumuyandikira.

Mluzu womaliza utalira, Modester anabwera kwa ine kudzapempha madzi. Atamwa anati, “Adada, chigawo chachiwiri tiyamba nthawi yanji?”

Ndinayesa nthabwala. Ndinati, “Mpira watha, mwawina.”

Anayang'ana bwalo, anthu akutuluka, nayang'ana mawondo ake atadzaza fumbi lofiira. Nthawi yomweyo munthu wa timu ya dziko uja anafika, namugwira chanza, nanena kuti sanaonepo wotchinga kumbuyo akulamulira anzake monga anachitira m'chigawo chachiwiri. M'kati mwa sabata foni yomuitana inabwera.

Mlongo wanga Mavis mukumudziwa, sasunga mawu m'kamwa. Anafika kuno osagogoda, akunditchula adumbu, monga munthu amatchulira mlongo wake m'Chitumbuka.

“Adumbu, mwana uyu wagwidwa. Ndi mizimu ya Angoni akale imeneyi. Apite kwa nchimi, avine, amwe chilopa, mbwenu.”

Chilopa ndi magazi a mbuzi amene wodwala amamwa pomaliza pa zonse, ndipo kufika pamenepo pamatenga masabata. Kampu siyembekeza munthu. Ndinamuuza Mavis kuti mwanayo anasewera asanadye, ndipo dzuwa linamulowa m'mutu.

“Dzuwa layamba kuphunzitsa Chingoni?” anatero. “Bwenzi ng'ombe zonse za kwa Thole zikulankhula. Ku Blantyre kulibe ng'oma? Akakagwa kumeneko pakati pa alendo adzamudzutsa ndani, dokotala wa timu ndi madzi oundana?”

Ndinapita ndi Modester kuchipatala. Malungo sanawapeze, magazi akuthamanga bwino, maso ali bwino. Pobwerera, tikuyenda pansi pa mitengo ya bulugamu, Modester analankhula kwa nthawi yoyamba za nkhaniyi.

“Adada, iwo akufuna munthu wa chigawo chachiwiri uja. Ine sindikumudziwa.”

Ndinamuuza kuti munthuyo ndi iye mwini, amene wakhala akutchinga kumbuyo zaka zonsezi. Anati, “Yewo, adada,” monga amanenera akafuna kuti nkhani ithe.

Pofuna kuthetsa mkangano ndinagamula motere. Enos abwere ndi ng'oma zomwezo pa bwalo lomwelo, masana dzuwa likuwala, ndipo aimbe kaimbidwe kalikonse kamene akudziwa. Mwanayo akagwedezeka, Mavis amutenge. Akapanda kugwedezeka, akwere basi. Ndikudziwa kuti akulu anzanga a mpingo adzandifunsa chifukwa chimene ndinaitanira ng'oma za vimbuza, ndipo yankho ndili nalo: ndinafuna kuti bodza lionekere poyera.

Tinachita zimenezi Loweruka lapitali masana. Anthu anabwera ambiri ngakhale sitinaitane aliyense, koma anaima patali, m'mbali mwa mpanda. Enos anawamba ng'oma zake pa moto wa udzu uku akundiseka.

“Ahedi, gwirani chipewa chanu bwino. Lero ngakhale inu muvina, tayi ndi jekete zomwe.”

Modester anaima pa malo ake kutsogolo kwa golo, atavala jezi ndi lamba wake, anzake akumuponyera mipira ya m'mwamba kuti aichotse ndi mutu. Enos anayamba. Akamaliza kaimbidwe kamodzi ine ndinkakweza dzanja, n'kumufunsa mwanayo dzina lake ndi la mayi wake. Nthawi zonse ankayankha bwinobwino kuti, “A Felesta, a ku Dedza, ali ku Joni.” Amayi awiri mwa oonerera aja anagwa nayamba kubuula, ndipo abale awo anawanyamula. Modester sanatembenuke n'komwe. Enos anavula malaya, ndipo nthabwala zinamuthera.

Pomaliza anafika pa kaimbidwe ka tsiku lija. Ndinakazindikira nthawi yomweyo, ndipo sindibisa kuti ndinagwira chitsulo cha golo. Anaimba nthawi yaitali, mpaka zikhatho zake zinasupuka. Modester anawerama, namanga chingwe cha nsapato yake mosafulumira. Atawongoka anayang'ana Enos, namwetulira. Enos anachotsa manja pa ng'oma ngati wagwira chitsulo chamoto.

Ndinalengeza kuti nkhani yatha, mwanayo apita. Atsikana anzake anamunyamula m'mwamba akuimba. Mavis sanatsutse, anangomanga mpango wake n'kubwerera kumudzi. Ndinapeza Enos akumangirira ng'oma pa njinga, ndipo ndinati, “Kuvina kwanga kuja kuli kuti, a Enos?”

Sanaseke. Anati, “Ahedi, ng'oma imeneyi imaitana amene ali kutali. Ndaitana chomene, palibe wabwera. Mwina kulibe munthu. Mwinanso amene anabwera tsiku lija sanachoke.” Atatero anakankha njinga yake, osaikwera, mpaka kutuluka pa geti.

Ndinawatenga ngati mawu a munthu wogonja amene akufuna pobisala. Lamulungu Modester anapita nane kutchalitchi, anaimba ndi anzake, anadya bwino, nachapa zovala zake. Sindinaone chachilendo chilichonse, ndipo ndikukutsimikizirani kuti ndinkayang'anitsitsa.

Dzulo m'mawa ndinamuperekeza ndekha ku depoti ya pa boma. Panali phokoso la masiku onse, oitanira basi akulimbirana zikwama, amayi akugulitsa mbatata yokazinga ndi mazira. Ndinamupatsa malangizo anga, iye akumvetsera manja ali kumbuyo monga ndinamuphunzitsira. Anakwera, nakhala pa zenera. Basi itayamba kusuntha anatsegula galasi, nandiyang'ana kuchokera pamwamba. Sindinamuonepo akundiyang'ana choncho. Anali maso a munthu amene akuona kamwana. Ndipo ananena motsitsa, ndi mawu okhuthala aja:

“Sala kahle, Gijima.”

Alamu, mawu oyambawo, otanthauza kuti tsala bwino, si kanthu. Aliyense wochokera ku Joni amatsanzika choncho, ndipo inunso mumawamva tsiku ndi tsiku. Koma Gijima ndine. Ndi dzina limene agogo anga aamuna ankandiitana nalo ndili wamng'ono, tikakhala awiriwiri kubusa, chifukwa ndinkathamangira ana a ng'ombe. Kumudzi sankalitchula. Agogowo anamwalira pamene Mavis ndi Aaron anali asanabadwe. Sindinaliuzepo munthu, ngakhale malemu mkazi wanga, ndipo ine mwini ndinali nditaliiwala kufikira dzulo.

Ndinaima pomwepo basi itapita kale, mpaka woitanira wina anandifunsa ngati ndikupita ku Jenda kapena ku Mzuzu. Nditafika kunyumba ndinafunsa Mavis ngati analimvapo dzinali. Sanalimvepo. Atafunsa chifukwa chake ndinamuuza, ndipo anayamba kulira. Ndinamuletsa, popeza pano sipanagwe maliro.

Modester watumiza uthenga wolemba kuti wafika bwino ndipo amulandira mwaulemu. Koma zolemba zilibe mawu. Foni ndaitenga, ndaibweza pa tebulo, ndaitenganso. Makutu anga sindikuwakhulupirira tsopano, chifukwa akhoza kumva zimene ndikuopa kapena zimene ndikufuna.

Pempho langa ndi ili. Inu munamubala, ndipo mawu ake munawamva asanakhale mawu. Mukangowerenga kalatayi mumuimbire. Musamufunse za mpira kapena za ng'oma, ndipo musamuuze kuti ndalemba. Mucheze naye zinthu zazing'ono za inu ndi iye, nthawi yaitali ndithu, ndipo mumvetsere. Ngati ndi mwana wanu, ndiuzeni, ndipo kalatayi muiotche kuti wina asadzaione n'kunena kuti Thole wakalamba. Ngati si iye, ndiuzeninso mosabisa. Ndidzakwera basi ya ku Blantyre pamodzi ndi Mavis, Enos ndi ng'oma zake, ndipo a mpingo adzanene zimene angafune.

Mavis akupereka moni. Atsikana a Queens akuti muwakumbukire, ndipo akusunga malo a kaputeni wawo. Manda a Aaron tinalambula mwezi watha. Pa tsiku limene munkanyamuka ndinakulonjezani pamenepo kuti mwana ndidzakusungirani, ndipo ndinamusunga ndi mphamvu zanga zonse. Mulungu akusungeni inunso, ndipo musachedwe kundiyankha.

Ndine mlamu wanu,
amene ndikufuna kudziwa kuti ndinakweza yani basi ija,

Kingstone Thole