Mfiti ya m'Buku la Lumbani

Lolemba, 15 Juni 1998

Pobwera kuntchito ndapeza Peterson wakonza zenera lija. Zikomo, ndadandaula kokwanira. Koma munthu wabwera kudzaika galasi, m'mabuku mwanga amafunamo chiyani? Buku lalikulu la mbiri ya kalikulasi ndinalisiya patebulo lili chitsekere, ndalipeza pansi lili yasa. Amayi ake, alandilodi anga Mayi Zipora, moni wanga sanayankhe. Mwina ndi nkhuku zawo zikutha ndi chitopazi.

Lachitatu, 17 Juni

Si nkhuku ayi. Ndi ine.

Ndili m'bafa ndamva Peterson akufotokozera azimayi pampopi: "Ndawerenga ndekha ine. Palembedwa kuti witch. Mfiti! Ndiye masamba onse tinjoka tokhatokha toimirira." Tinjoka take ndi kachizindikiro kophatikizira tizidutswa, kamene aliyense wophunzira masamu amenewa amalemba mpaka dzanja kuwawa. Nditatuluka, onse ananyamula ndowa zosadzaza n'kubalalika.

Ndatsegula bukulo, ndipo mnyamatayo sananame, mawuwo alipodi. Ndi dzina la mzere wina wokhota, wooneka ngati kachitunda, umene mayi wina wa ku Italy anaufotokoza kalekale m'buku lake lophunzitsira. M'chinenero chakwawo dzinalo linkanena za kukhota basi. Womasulira m'Chingelezi analisokoneza ndi liwu lina lofanana nalo, mzere wosalakwa n'kusanduka mfiti mpaka lero. Zonsezi zalembedwa m'munsi mwa chithunzi momwemo. Koma Peterson kuwerenga ndime yonse? Atafa.

M'dera lathu lino la 25 masiku ano chilichonse ndi Satana. Ukagula galimoto, Satana. Ukanenepa, Satana. Ine ndilibe ngakhale njinga, koma ndalowa nawo m'gulu. Ndaseka ndekha mpaka tiyi kunditsamwa.

Lachisanu, 19 Juni

Lero sindikuseka.

Akuti Lumbani sanafe ndi TB. Akuti ndinamupereka ine, mabukuwa ndiwo malipiro anga. Mlongo wanga weniweni, amene ndinkamusambitsa m'nyumba muno, Mayi Zipora omwewo akundithandiza kutenthetsa madzi!

Ndalira, kenako ndakwiya, ndipo mkwiyowo ndaukonda kuposa misozi. Mabuku atatuwa ndi okhawo anandisiyira Lumbani. Masiku ake omaliza, mpweya ukuvuta, ankati ndizimuwerengera za akuluakulu awiri aja amene anakangana mpaka kumanda kuti anayambitsa kalikulasi ndani. Ankaseka mpaka kutsokomola, n'kunditchula dzina. "Suwi, anthu anzeru chonchi, nsanje ngati mitala." Buku lachitatu, la anthu amene anadzalongosola bwinobwino zoti nambala ingayandikire chinthu mpaka kalekale osachikhudza, sitinalimalize.

Ndaika onse atatu pawindo latsopanolo, aliyense wodutsa aone.

Lamulungu, 21 Juni

Kutchalitchi benchi yonse yanga ndekha, kuzizira konseku. Ndaimba mokweza kuposa masiku onse. Potuluka a Wilkins, mkulu wa mpingo wa dera lathu, andikokera pambali. Akuti abwera Lachiwiri tidzakambirane "kankhani kakang'ono".

Lachiwiri, 23 Juni

Kankhani kakang'ono kabwera ndi botolo la palafini.

Ndaweruka masana ndapeza mipando ili kale pabwalo. A Wilkins, Mayi Zipora, Peterson, ndi ena osuzumira pampanda. Titapemphera, Mayi Zipora anapita poyera: "Aphunzitsi, ine sindikufuna zambiri. Mabukuwo apse pompano tonse tikuona, apo ayi mundipatse makiyi anga Loweruka. Nkhuku zatha. Ndidikire kuti ziyambe kugwa ndi zidzukulu?"

Ndinalowa m'nyumba, n'kutuluka ndi bukulo ndi choko. Peterson anadumpha ngati waponda khala. Pakhoma la njerwa loyang'ana kumpopi ndinajambula bwalo, mzere pamwamba pake, kenako kadontho ndi kadontho mpaka kachitunda kanatuluka. Ndinati mfiti yanu ndi imeneyi, ipatseni moni. Palibe anaseka.

Ndinafotokoza za womasulira uja. Ndinawauzanso kuti mayi mwini wakeyo, malinga ndi bukuli, anathera moyo wake akusamalira odwala ndi osauka. Kenako ndinatembenukira kwa a Wilkins, poti ndi iwo amamasulira kukabwera alaliki achizungu. Ndinati, "Abambo, inu paguwa simunaphonyepo liwu?" Anatsokomola. Mpingo wonse umakumbukira tsiku limene nkhosa za Ambuye anazisandutsa sitima zapamadzi, atamva sheep ngati ship.

Anavala magalasi, anawerenga ndime yonse chala chili pamzere, ndipo ndinaona pankhope kuti amva. Mtima unakhala pansi. Koma anatseka bukulo n'kunena motsitsa mawu: "Mwana wanga, ine ndamvetsa. Koma anthuwa sangamve. Ng'amba tsamba limodzi lokhali, tiwotche, amayi mtima ukhale m'malo, iwe usunge nyumba. Pepala limodzi n'chiyani?"

Kunena zoona ndinaligwira tsambalo. Nyumba ino ndi yabwino, madzi pafupi, kusukulu ndimayenda wapansi. Koma ndinaganiza: ndikang'amba, ndiye kuti ndavomera kuti panali choti chipse. Ndipo ngati panali choti chipse, ndiye kuti za Lumbani zija n'zoona. Mawa pampopi adzati anagwidwa, anawotcha yekha.

Ndinati, "Abambo, pepani, sinding'amba. Amene waphonya kuwerenga ndi Peterson, osati ine."

Mayi Zipora ananyamula palafini wawo. "Loweruka," anatero.

Ndinati Loweruka lomwelo, Amayi.

Kopita sindikukudziwa. Koma sindikubweza.

Lachinayi, 25 Juni

Chipinda chapezeka ku Mgona, mnzanga wakuntchito wandilozera. Chimodzi, chopanda siling'i, chimbudzi cha anthu ambirimbiri. Mtima ukuwawa, ndisaname. Ndamalizako mutu umodzi wa buku lachitatu lija, mokweza, ngati kale.

Loweruka, 27 Juni

Anyamata awiri a wilibala anatenga bedi, mbaula, mipando. Atafika pa katoni ya mabuku anayang'anizana. Mbiri inawapeza kale. Ndinati musavutike, ndapinda chitenje changa kukhala nkhata, ndasenza ndekha.

Pofika pabwalo ndaona chinthu chimene sindinachizindikire sabata yonseyi. Pansi ponse mposesedwa bwino, koma pafupi ndi khoma lija zinyalala zangoti mbwee. Tsache silifikako. Mpopi uli pompo, koma azimayi akumazungulira kumbuyo kwa bafa kuti asadutse pamaso pa kachitunda kanga. Chokocho chikadali mbee, palibe wachikhudza.

Ndapereka makiyi. Mayi Zipora alandira ndi nsonga ya chitenje. Ndafika pageti, katoni ili pamutu, ndamva akundiitana, mawu atafewa ngati a tsiku lija ankandithandiza kutenthetsa madzi.

"Aphunzitsi. Chanu chija chapakhoma. Tafufutaniko musanapite."

Peterson anali ataima kale ndi ndowa ndi chisanza, watambasula dzanja kutali ndi thupi, kuti ndilandire.

Sindinathe kutembenuza mutu chifukwa cha katundu, ndiye ndinatembenuka thupi lonse pang'onopang'ono. Ndinawayang'ana amayiwo, ndinayang'ana khoma.

Ndinati, "Ndasenza, Amayi. Mvula idzafufuta."

Kumwamba kuli mbee, mphepo ya Juni ikuuluza fumbi. Mvula ndi Novembala.