Sitampa ya Mbalame ya Pakhosi Pofiira

Amayi, kodi kumeneko mukukhala bwanji? Kuno ku Wimbe tilipo. Chimanga takolola, koma ndikuopa anankafumbwe chifukwa mankhwala tathira mochedwa. Fodya tikusankhabe m'chigafa. Akazi a achimwene a Yohane anachira mwezi watha, mwana wamkazi. Akuyamwa bwino ndipo achipatala akuti alibe vuto, ngakhale ine ndikumuona wochepa thupi.

Nkhani imene ndakulemberani ndi ya chitini chanu cha makalata. Pogawa katundu wanu anthu analimbirana zitenje ndi mapoto. Chitini panalibe wochifuna, ndiye ndinatenga ine.

Inu simunkadziwa kuwerenga, koma kalata iliyonse munkaizindikira poona sitampa yake. Munkati, "Esinta, nditengere ya agwape ija," ine n'kukuwerengerani ndi Sitandade 4 yanga, inu mukundiseka kuti ndikuyenda ngati ngolo ya tayala limodzi. Inalipo imodzi yokha imene munkandiletsa, ya mbalame ya pakhosi pofiira. Ndikaigwira munkati, "Bwezera. Imeneyo inawerengedwa kamodzi, ndipo kamodziko kanakwana." Amene anakuwerengerani anali mkulu wa mpingo uja, ndipo anatsogola kale osauza munthu.

Tsono Tiyamike, mdzukulu wanu, ali Folomu 3. Aphunzitsi awo a mbiri anauza ana kuti abweretse zinthu zakale za m'nyumba. Iye anapempha masitampa, ndi makalata angapo oti akawerenge m'kalasi. Ndinavomera ndili pakati pomanga fodya, mutu uli kwina. Ndinaganiza kuti ndi timapepala ta kunja chabe. Mwanayo anawiritsa madzi m'ketulo n'kumaika envulopu iliyonse pa nthunzi mpaka sitampa itamatuka. Anamatula onse.

Masana anawayala pamphasa motsatana zaka n'kundiitana. Anayamba ndi a mutu wa mfumukazi, a nthawi imene abambo ankagwira ntchito ku Halale. Anandionetsa kuti pa sitampa imodzi pali dzina la Rhodesia ndi la Nyasaland, nati ndiyo nthawi ya chitaganya, pamene atsamunda anamanga mayiko atatu mtolo umodzi. Kenako mfumukazi palibenso, palembedwa Malawi, pali nkhope ya mkulu uja wochokera kuno ku Kasungu. Apo abambo anali atabwerera, akunyamula mabelo a fodya ku Limbe. Pa ina pali fodya, ntchito yathu yomweyi. Pa agwape anu aja mpamene mapeni akuthera, matambala n'kuyamba. Kutsogolo kuli nsomba ndi agulugufe, ndipo mtengo wake ukungokwera mpaka kufika pa makwacha. Omaliza ndi a makalata a achimwene ali ku Lilongwe. Kuchokera apo mphasa inali yopanda kanthu, poti kunabwera mafoni. Zaka zonsezi ine ndinkangoonapo nyama.

Ndili chiwerameni choncho ndinaiona mbalame ija, ili pakati pa anzake. Ndinatembenukira ku chitini. Maenvulopu onse anali ofanana, iliyonse ili ndi kabwalo koyera pakona. Sindinathenso kudziwa kuti yoletsedwa ija ndi iti, ndipo Lolemba Tiyamike amayenera kutengapo ena kuti akawerenge pamaso pa ana a m'mudzi muno, adzukulu a anthu amene munkapemphera nawo.

Ndinaganiza zotentha chitini chonse, koma mawu a abambo akanapsera momwemo. Ndinaganiza zowerenga imodziimodzi kuti ndiipeze, koma kuipeza mwa njira imeneyo n'kuiwerenga kumene. Ndinamuuza Tiyamike kuti asatenge kalata ngakhale imodzi. Anati, "Amayi, inunso nkhawa. Agogo anapita, akudandaula ndani?" Ndinati ndikudandaula ndine.

Ndi iye yemweyo amene anapeza nzeru. Anandionetsa kuti a positi ofesi akamadinda, chidindo chimagwera mbali ina pa sitampa, mbali ina pa envulopu. Ndiye Loweruka tinakhala pakhonde, iye akuika mbalame ija pakona pa envulopu iliyonse, ine ndikuyang'ana ngati mizere ikukumana. Zina zinkaoneka ngati zakumana, koma tikaonetsetsa zilembo zinkaphonyana. Ndinamubwerezetsa kangapo mpaka anayamba kung'ung'udza kuti ndimutha maso. Dzuwa litapendeka tinaipeza. Chidindo chinakwanira bwinobwino, cha ku Limbe.

Ndi kalata yopyapyala, Amayi, mwina pepala limodzi. Dzina lanu pamwambapo silinalembedwe ndi dzanja la abambo. Dzanja lawo ndimalidziwa, limapendekera kumanja. Ili ndi loongoka, la zilembo zing'onozing'ono. Izi ndaziona chifukwa zili kunja. Tiyamike anati, "Tingosuzumira mzere woyamba." Ndinamulanda, n'kuphika kaphala ka chinangwa, n'kumata mbalameyo pamalo pake.

Masitampa enawo anapita kusukulu. Ndamva kuti aphunzitsi anawamata pa pepala lalikulu n'kulikhoma kukhoma, ndipo pakati pa agwape ndi nsomba pali mpata. Tiyamike anawauza kuti imodzi inasowa. Makalata amene anawerenga m'kalasi ndi awiri a ku Halale, aja abambo ankadandaula za kuzizira ndi kufunsa za mbuzi. Akuti ana anaseka pa za mbuzizo. Teremu ikatha adzabweza masitampa, ndipo tidzayamba kufananiza ena onse, ngakhale ndikukayika ngati tidzawatha.

Chimene chatsala n'chakuti ine ndikadzachoka, chitini chidzagwera munthu wosadziwa za mbalameyi. Ndiye kalatayo ndaichotsamo. Ndaikulunga m'kansalu n'kusoka ndi chingwe cha fodya, ndipo ndauza achimwene ndi Tiyamike, aliyense payekha, kuti tsiku langa likadzafika adzaiike m'bokosi mwanga. Achimwene anafunsa kuti muli chiyani. Ndinawayankha zoona, kuti sindikudziwa.

Mundiperekere moni kwa abambo ngati mumaonana. Ndimakukondani, Amayi. Kalata yanu sindiitsegula, ndidzabwera nayo ndekha.

Ine mwana wanu,
Esinta