Nyumba Yanu ya ku Milonde Tinaimaliza

Zaka zakwana zitatu lero chitisiyireni, bambo athu a Hopewell Namatika, ndipo ulendo uno tabwera ndi nkhani yabwino.

Ntchito yanu anthu sankaimvetsa. Munasiya ukalipentala wa ku esiteti ya tiyi n'kuyamba kumanga nyumba za m'mafilimu, nyumba zoti kujambula kukangotha muzigwetsenso. Abale ankati mutu wazungulira. Amayi nawo anakunyanyalani tsiku lathunthu mutawatengera nsalu yawo yatsopano n'kuiviika m'ndowa ya tiyi kuti ioneke yakalekale. Inu munkangoseka mpaka kutsokomola. Chitseko chatsopano munkachifukiza utsi, khoma n'kulipaka katondo, mpando n'kuukwecha ndi mchenga pomwe pamagwira manja. Munkatiuza kuti nyumba yopanda mwaye ndi yabodza, ndipo woonera salephera kuzindikira bodza ngakhale akhale wosapita kusukulu.

Matenda anakupezani mukumanga nyumba yomaliza ku Milonde, ya filimu yonena za makolo athu Alomwe amene anawoloka Muloza kudzathyola tiyi. Munasiya makoma okha, denga palibe, mvula itayandikira. Eni filimu anaganiza zokajambulira kwina, m'nyumba wamba, ndipo dzina lanu likanafufutika pa ntchito yomwe munkaikonda kuposa zonse. Mwana wanu Takondwa, yemwe munkamuseka kuti akhoma chala m'malo mwa msomali, anakana kwamtuwagalu. Anatsegula kope lanu la zojambula n'kutsatira tsamba ndi tsamba. Malume a Yakobo anamweta udzu, ndipo amayi omwe aja anawiritsa tiyi ndowa zinayi zoviikamo zovala za osewera mufilimuyo. Tsiku lakhumi ndi chiwiri tinamaliza kufolera. Mawa lake mvula inagwa yamphamvu, koma m'nyumbamo simunadonthe.

Mwezi wathawu filimuyo anaionetsa masana mu holo ku Thuchila, anthu mpaka m'mawindo. Itangooneka nyumba yanu, a Pilato, nkhalamba yomwe inathyola tiyi zaka makumi anayi, anaimirira osakhalanso pansi. Anauza oyandikana nawo kuti imeneyo ndi nyumba yomwe anabadwiramo, mpaka lichero lopachika pakhomo, ndipo panalibe amene akanawatsutsa. Kumapeto dzina lanu linatuluka m'zilembo zikuluzikulu, holo yonse ikuwomba m'manja, amayi akulira uku akuimba nthungululu. Tinanyadira kwambiri, bambo, ndipo tinalakalaka mukanakhala pampando wakutsogolo.

Tikukusowanibe: akazi anu a Marjory, ana anu Takondwa ndi Kondie, malume a Yakobo, ndi zidzukulu zomwe zimakudziwani pachithunzi chokha.

Mwapambana, bambo. Malinga tikupuma, dzina lanu silidzachoka pakamwa pathu.