Kope Langa Lapulumutsa Makina

Okondedwa achimwene,

Pepani ndi zilembo zokhotakhotazi, mukudziwa kuti sukulu ndinalekezera Sitandade 4. Kuno ku Balaka tili bwino, Alhamdulillah, ndipo amayi ku Chikweo chifuwa chija chatha. Kaya inu ku Joniko?

Makina athu osema zitsulo aja, oyendera kompyuta, amasunga manambala a miyeso yake ndi kabatire kam'kati ngakhale magetsi azime. Ine mtima sunkakhazikika, ndiye ndinakopera manambala onse m'kope. A Saidi, amakaniko athu, ankandiseka: "A Yusufu, mwayamba ukalaliki? Makina saiwala ngati inu."

Lachiwiri kabatire kanafooka. A Saidi anazimitsa makina asanakachotse, monga timachitira ndi ena onse poopa shoko ya magetsi. Komatu awa amafuna kusintha batire ali chiyakire. Titayatsa, anali ataiwala zonse, pamene shafiti ya chigayo cha ku Ngokwe ikudikira. Bwana anati tikakhale kunyumba mpaka katswiri adzabwere kuchokera ku Blantyre.

Ndinatulutsa kope lija. Ine kuwerenga, a Saidi kudina manambalawo pamakina, mpaka dzuwa kupendeka. Shafiti inatuluka yosalala, muyeso wake ndendende, ndipo ntchito sitinaimitsidwe. A Saidi anangoti, "Akalaliki, mawa tiyi ndigula ndine."

Chonde munditumizire kope lachikuto cholimba, ili ladetsedwa ndi oyilo. Allah akusungeni.

Koma nambala imodzi patsamba lachinayi sindikuizindikira ngati ndi 1 kapena 7. Tinaika 7, ndipo palibe watitsimikizira.

Ine mng'ono wanu,
Yusufu