Pepala la Hotela ya Alamu

Phalula,
9 Juni 1952

Okondedwa achemwali a Scholastica,

Choyamba ndifunse za moyo wanu kumeneko ku Chikweo. Kodi mwendo uja wasiya kutupa? Nanga alamu a Swaibu ndi ana akudzuka bwanji? Ine m'thupi ndili bwino, ndabwera kuno kumudzi patchuthi cha sabata imodzi. Azakhali a Eliza ali mkati mokolola.

Uthenga wanu ndalandira, woti mukubwerera ku Balaka kukatsegula hotela ija, ndipo mukufuna ndidzakhalepo tsikulo. Musananyamuke, muwerenge kalatayi mutakhala pansi.

Mukudziwa kuti alamu anabweretsa pepala lopempha laisensi ku ofesi kwathu ku boma mu Febuluwale chaka chatha. Anapalasa njinga kasanu ndi kawiri kudzafunsa, ulendo uliwonse nkuuzidwa kuti pepala silinafike kwa Bwana. Nyumba yanu yoyang'anizana ndi siteshoni inakhala chitsekere, chiswe chinadya mabenchi, inu nkupita kukalima thonje kwa apongozi anu ndi mwendo wodwalawo.

Achemwali, pepalalo silinasowe. Ndinabisa ndine.

A Pitala, mesenjala wathu, anandipatsa m'manja tsiku lomwelo. Nditaona dzina la alamu, ndinakumbukira momwe malemu amayi analirira mutasiya kulandira Ukaristia ku tchalitchi chifukwa chokwatiwa ndi Msilamu. Ndinalitsendereza pansi pa mafayilo akale, nkunena mumtima kuti adikireko mwezi umodzi, adziwe kuti kwathunso kuli anthu. Mwezi utatha ndinaopa kulitulutsa, poti tsiku lolembedwa pamwamba likanandiulula. Mantha aja anakula pamodzi ndi miyezi.

Alamu atatopa, anapita kwa loya wachimwenye ku Blantyre nkusumira boma. Inu ku khoti kuja simunabwere, ndiye ndikuuzeni zomwe zinachitika. Loya anandifunsa ngati ndinalandirapo pepala la a Swaibu. Ndinali nditagwira Baibulo polumbira, koma ndinayankha kuti iyayi. A Pitala anaumirira kuti anapereka kwa ine kalaliki, koma ndi munthu wamkulu, ndipo atapanikizidwa za tsiku lake anasokonezeka. Anandiyang'ana nthawi yaitali. Ine ndinazyolika.

Woweruza anati ofesi ilibe mphamvu yosunga munthu chaka chathunthu osamuuza inde kapena iyayi, ndipo analamula kuti yankho lituluke pasanathe masiku makumi atatu. Laisensi inatuluka. Koma Bwana, pofuna woti asenze manyazi, anachotsa ntchito a Pitala, munthu woti wayendera ofesiyo zaka makumi awiri.

Titatuluka m'khoti, alamu anandigwira dzanja. Anati ndisadandaule, akudziwa kuti kalaliki alibe mawu, ndipo ndikanakhala ndi mphamvu ndikanawathandiza kalekale. Anandigulira tiyi ndi zitumbuwa. Ndinadya, achemwali. Ndinamaliza zonse.

Dzana ndinakumana ndi a Pitala pamsewu, poti kwawo nkufupi kuno. Anali ndi khasu paphewa, akupita kuganyu, atavala jekete ya ntchito ija yochotsedwa mabatani a boma. Anandipatsa moni ngati kale, nkufunsa ngati mwendo wanu unachira. Za ku khoti sanatchuleko.

Lolemba likubwerali ndikubwerera ku ofesi. Ndikatulutsa pepalalo ndi kukaliika patebulo la Bwana, ndikanene zonse. Ntchito itha, ndikudziwa, ndipo bodza la m'khoti likhoza kundilowetsa m'ndende.

Sindikupempha kuti mundikhululukire lero. Munandibereka kumbuyo ndili wakhanda, ine ndakubwezerani zotere. Ndikupempha ziwiri zokha. Muwauze alamu ndi pakamwa panu asanamve kwa anthu a pasiteshoni. Ndipo ngati Bwana akana kuwabwezera a Pitala ntchito, muwaganizire pa hotelapo, kaya ulonda kaya kulandira alendo otsika sitima. Ndi munthu wokhulupirika. Ine ndikudziwa zimenezo kuposa wina aliyense.

Tsiku lotsegulalo musandisungire mpando.

Mundiperekere moni kwa apongozi anu, kwa Asiya ndi Usumani. Anawo muwauze zokhazo zomwe mukuona kuti nzoyenera. Mulungu akusungeni, inu ndi alamu pamodzi.

Ndine mlongo wanu,
Blasius