Adadi Asanduka Mkango wa Madala a Contract

Mzime 07:12 sisi pali nkhani sindinauzepo munthu. plz musaseke

Sisi 07:20 mimba?

Mzime 07:20 inunso

Mzime 07:22 mukulidziwa group la adadi ndi anzawo opuma aja amene boma linawaitananso pa contract?

Sisi 07:23 madala odulidwa theka la salary aja, akuti poti amadya kale penshoni. eya

Mzime 07:25 adadi satha kutaipa, chala chimadina zilembo ziwiri pakamodzi. ndiye amanena pakamwa ine n'kumalemba

Mzime 07:25 koma sindilemba zimene amanenazo

Sisi 07:26 umalemba chani

Mzime 07:29 iwo amati "lemba kuti tidekhe anzanga, akuluakulu akuziona." ine ndimalemba "tinapuma ntchito, sitinapume nzeru. amene akufuna kutilipira theka azipeza yekha mafayilo ake"

Sisi 07:30 iweyo? amene umabisala kubafa alendo akabwera?

Mzime 07:31 pa foni sindichita chibwibwi

Mzime 07:33 zinandiwawa tsiku lija anakasoketsanso nsapato n'kumati zatsopano zimaluma

Sisi 07:34 nanga mayankho saawona?

Mzime 07:36 ndimawawerengera ndine. tsabola ndimachotsa. munthu akalemba "tiwaonetse moto" ndimati akuti moni

Mzime 07:38 pano pa group amawatchula Mkango. dzana anabwera akudabwa, akuti dalaivala wina wopuma wa pa group wawanyamulira chikwama mpaka pa geti

Sisi 07:39 😂😂 adadi amene amapepesa chitseko akachigunda

Mzime 07:39 ndinati musaseke

Mzime 07:42 dzulo madalawo anavota pa group. adadi ndi amene akalankhule kwa bwana wamkulu lero 2 koloko

Sisi 07:42 iwo akudziwa?

Mzime 07:43 ndinawauza kuti asankhidwa kutsegula ndi pemphero

Mzime 07:44 asita jekete. anyamula baibulo

Sisi 07:51 mwana iwe. contract yawo ikutha mwezi uno

Mzime 07:52 ndikudziwa. ndipo wina anatumiza ma screenshot kwa bwanayo

Sisi 07:53 akawachotsa fees yako yaku college ulipira ndi ma emoji? kawauze asanalowe. pakamwa, osati sms

Sisi 08:30 wamva?

Sisi 10:05 ndikuona uli online

Mzime 12:48 ndili ku office kwawo. ndinanamizira kuwabweretsera chakudya

Mzime 12:51 madala ali pa benchi mu khonde, onse mataye. wina wabwera ndi ndodo, wina ndi mapiritsi a BP mu envelopu

Mzime 12:52 agogo ena a typing andigwira masaya akuti "mwana wa Mkango, koma wamanyazi bwanji, sunatengere bambo ako"

Sisi 12:53 ndafa ine

Mzime 12:57 adadi ali mu registry, ku mafayilo awo kuja, akuyeserera pemphero. muli mawu oti "dalitsani mabwana athu pa kuleza mtima kwawo"

Sisi 12:58 madalawo akawamenya ndi ndodo ija. lowa

Mzime 13:09 ndinalowa. ndinawafunsa ngati akufuna madzi. ndatuluka

Sisi 13:10 bwerera

Mzime 13:11 bwanji muwaimbire inuyo sisi, inu amakumverani

Sisi 13:12 Mkango si ine. lowa, dina record, foni ikhale m'thumba. ndikufuna ndimve ndekha coz sindikukhulupirira

Sisi 13:25 ?

Sisi 13:38 Mzime

Mzime 13:44 🎤 [mawu, 1:06]
— adadi... sanakusankheni za pemphero.
— Nanga za chiyani, mayi?
— mukalankhule za malipiro. m'malo mwa onse. zimene mumandiuza kulemba zija... sindinkalemba zimenezo. ndinkalemba zanga. zaukali. m'dzina lanu. Mkango uja ndinu. ndikutanthauza... ndine.
— Ndiye chikwama chija anandinyamulira chifukwa cha iwe.
— eya.
— Ine kumayesa aona kuti ndakalamba.
— pepani. mukhoza kuwauza kuti foni inabedwa.
— Unalemba zotani? Ndimve chimodzi.
— tinapuma ntchito... sitinapume nzeru. amene akufuna kutilipira theka azipeza yekha mafayilo ake.
— Zimenezo ndanena ine?
— eya adadi.
— Hm. Tatseka chitsekocho. Gwira baibuloli. Bwereza pang'onopang'ono ndiloweze.

Sisi 13:46 ndiye??

Sisi 14:03 alowa?

Mzime 14:04 alowa. pakhomo anagunda chitseko ndi phewa

Mzime 14:04 sanachipepese